Masiku Anga Anatsala M'chitsulo

Anatiuza kuti ntchito yake ndi yongokhala. Munthu amene anabwera kudzalemba anthu pa depoti ya Zomba ndiye ananena choncho, atavala suti yosadziwa fumbi, ndipo ine ndinaseka mpaka kugwira nthiti. Yongokhala! Nthawi imeneyo n'kuti ndikucheka matabwa pamwamba pa phiri, n'kumatsika nawo pamutu mpaka m'tauni, khosi litalowa m'mapewa ngati la kamba. Munthu wotere ukamuuza kuti kuli dziko limene amalipira anthu chifukwa chokhala pabenchi, safunsa zambiri. Ine sindinafunse.

Ndinali mkamwini ku Chinamwali, kumtunda kwenikweni kumene nyumba zimathera n'kuyamba miyala. Ine ndi mkazi wanga Edina tinkagona m'kachipinda kogundana ndi khitchini ya apongozi, moti ndikangotsokomola, m'mawa apongozi ankafunsa mwana wawo ngati alendo akudwala. Mwana wathu Yankho anali akuyamwa. Chimene ndinkafuna chinali chimodzi basi, kumangira Edina nyumba yakeyake pamalo amene atsibweni ake, a Namakhwa, anatilozera pafupi ndi mtengo wa mapeyala. Matabwa a eni ake sakanandimangira nyumba imeneyo ngakhale ndikanacheka phiri lonse.

Edina sanafune kuti ndipite. Ananena kuti ntchito yongokhala kulibe, ndipo ngati iliko ndiye kuti pali china chimene akutenga. Mkazi ameneyu pakamwa m'pakuthwa chibadwire, koma ine ndinamuyankha kuti anthu aakazi mumaopa ndi mthunzi wanu womwe. Tsiku lonyamuka anandiperekeza mpaka pamsewu, mwana ali kumbuyo. Sanalire ayi. Anangondikonza kolala n'kubwerera.

Ulendo wake sindiukumbuka bwino. Basi, ndege, kenaka basi ina ya mawindo opaka utoto. Tinatsikira m'chipululu choyera mbuu, chopanda mtengo, chopanda ngakhale chulu. Ine wokulira pansi pa phiri, maso anga ankasowa pogwira, ndipo masiku oyamba ndinkayenda nditazolika.

Chimene anatitengera kumeneko chinali chitsulo. Chitsulocho eni ake ali nalo dzina lake lalitali limene lilime langa linakana. Ife tinkachitcha chidyamasiku. Amachikumba ndi makina pansi penipeni, ndipo chikamatuluka chimakhala chotuwa, chopepuka ngati chitsononkho, chozizira moti chimamata pakhungu. Chikatero sichigulika, chili ndi njala. Chimafuna chigone pathupi la munthu wamoyo, chidye masiku ake. Chikakhuta chimafiira, n'kulemera, n'kumafunda pang'ono ngati dzira loikira kumene, ndipo pamenepo ndiye chasanduka chuma. Anthu olemera a m'mayiko akutali amachisulitsa mphete ndi zibangili, ndipo wovalayo amayamba kudya masiku a m'chitsulomo, ake ali chisungire. Ena amachiika pabedi la wodwala kuti matenda aime kaye mpaka mankhwala apezeke. Ati anayesapo kuchigoneka pa mbuzi ndi ng'ombe, koma masiku a mbuzi amangothandiza kuti zipatso zisaole m'sitima. Pamunthu pamafunika masiku a munthu, n'chifukwa chake anatilondola mpaka ku Zomba.

Ntchito yathu tinkaitcha kufungatira. M'mawa ankativeka chovala chachikopa cha matumba kutsogolo ndi kumbuyo, m'thumba lililonse muli kachitsulo kokula ngati chikhatho. Tikatero tinkakhala pamabenchi m'chinyumba chachikulu, mizeremizere, ngati nkhuku pamazira. Anatiuza kuti chitsulocho chimangobwereka pang'ono, ndipo munthu akapuma thupi limabwezera lokha. Tinakhulupirira, nanga tikanatani titafika kale?

Wa suti uja sananame, tinkangokhaladi. Koma njala yake, abale! Chakudya chinkabwera m'ngolo, mpunga ndi nyemba, ngolo ina ikutuluka ina ikulowa, ife kudya osakhuta. Ukalowa utameta, potuluka ndevu zili nyankhalala. Zikhadabo zinkakula ukuziona, moti pakhomo lotulukira panali amuna awiri amene ntchito yawo inali kumeta ndi kuwenga basi. Ukadzicheka m'mawa, poweruka chilonda chapola kale. Poyamba tinkaseka nazo zimenezi. Kuhositelo kunalibe galasi lodziyang'anira ndi limodzi lomwe, ndipo mafoni ojambula anatilanda pachipata n'kutipatsa timafoni tongolankhulira. Choncho munthu ankaona ukalamba pankhope ya mnzake n'kumati mnzangayu dziko lamukana, osadziwa kuti winayo akumunenanso chimodzimodzi.

Woyandikana naye bedi anali Che Yusufu, mnyamata wa ku Matawale amene kwathu ankagulitsa zipatso m'mbali mwa msewu wokwera phiri. Tinkadziwana nkhope kale. Ndikamatsika ndi matabwa ankandikuwa kuti ndigule masitiroberi, ngati kuti ndili ndi dzanja lachitatu. Kuchipululu kuja tinasanduka pachibale, iye kunditcha achimwene. Anali munthu wanthabwala, wolankhula Chiyao akakwiya ndi Chinyanja akafuna kubwereka sopo. Tikaweruka ankagona chagada n'kuyamba kukwera phiri ndi pakamwa, kutchula malo amodziamodzi kuyambira pamsika mpaka padamu, ine n'kumamubweza akadumpha khona. Imeneyo ndiyo inali wayilesi yathu, ndipo ngakhale anthu a mayiko ena, osamva chinenero, ankabwera kudzamvera.

Tsiku lina kunabwera alendo kudzaona ntchito. Pakati pawo panali mayi wina wa khungu losalala ngati la mtsikana, zala zonse mphete zofiira, ndipo kapitawo anatinong'oneza kuti mayiyo ali ndi zidzukulutudzi. Anayenda pakati pa mabenchi atavala zotchinga thupi lonse kuti chitsulo chanjala chisamukhudze, akumwetulira aliyense. Atadutsa, Yusufu anandigunda ndi chigongono n'kunena kuti mphete ya pachala chaching'onocho waizindikira, ndi masiku ake a ukwati amene anali asanawafike. Tinaseka mpaka kapitawo anatiloza chala.

Mwezi wa Ramadhani wina utafika, Yusufu anati asala kudya. Asilamu anzake anamuletsa, anamukumbutsa kuti munthu wovutika amaloledwa kudzabweza pambuyo, koma iye anali ndi funso lake limene linkamudya. Ankati kodi Mulungu amawerenga masiku a dzuwa kapena a thupi? Ngati ndi a thupi, ndiye kuti pabenchi paja miyezi yosala yamudutsa yambirimbiri iye akutafuna nyemba, nanga adzayankha chiyani? Analowa osadya, ndipo dzuwa lisanafike pamutu anagwa chafufumimba, milomo itang'ambika ngati ya munthu amene wasochera m'tchire masiku ambiri. Ndinamubereka mpaka kuchipatala cha kampani, ali wopepuka kuposa thabwa limodzi. Atatsitsimuka anandifunsa ngati dzuwa lalowa.

Kontirakiti ikatha ankatifunsa ngati tikufuna ina, ndipo nthawi zonse kunyumba kunkakhala kutabuka kanthu. Apongozi anadwala maso. Mlamu wanga anasankhidwa kukaphunzira ku koleji ya ku Chirunga, nanga tikanamusiya? Chaka china madzi anakokolola munda. Ndinkatumiza, n'kumafunsa za nyumba, ndipo a Namakhwa amene ankayang'anira ntchitoyo ankati yafika pawindo. Inakhala pawindo nyengo ndi nyengo. Edina pafoni ankafunsa chimene chasintha mawu anga, ine n'kumati ndi fumbi. Ankati bwererani. Ndinkati ndimalize kaye iyi.

Yusufu anayamba kuguluka mano, kenaka kuiwala. Pokwera phiri ndi pakamwa paja ankaima pakati, osadziwa kuti khona lotsatira ndi liti. M'mawa wina sanadzuke. Adokotala a kampani anati ndi ukalamba. Ukalamba, mnyamata wosakwatira, amene mayi ake anali akukazingabe mandasi pa Matawale! Asilamu anamusambitsa, tonse tinathandizana kukumba nthaka ija youma ngati simenti, ndipo tinamuika tsiku lomwelo monga mwa chipembedzo chake. Asanamukulunge nsanda ndinamuyang'anitsitsa nkhope, ndipo ndinakumbuka kuti wamkulu ndinali ine, kuti tinalowa tsiku limodzi, tinkakhala benchi limodzi. Pobwera kumanda ndinatunga madzi m'ndowa n'kudikira kuti adekhe. Sikuti kale sindikanatha kutero, koma ndinkafulumira kuviika kapu madzi asanaime. Tsiku limenelo ndinadikira, ndipo ndinapezamo nkhalamba ikundiyang'ana ndi maso a malemu bambo anga.

Kontirakiti imeneyo itatha sanandifunsenso. Thupi lotha limachedwa kukhutitsa chitsulo. Anandipatsa bulangete, chikwama ndi tikiti. Anzanga obwerera kwawo ankagula polishi wakuda wa nsapato n'kupaka m'mutu, nanenso ndinagula, koma thukuta la m'basi linamutsitsira m'khosi ndisanafike ndi ku Limbe komwe. Ndinapukuta ndi mpango n'kuutaya pawindo.

Pa depoti ya Zomba wa kabaza anandilanda chikwama n'kunena kuti agogo gwirani zolimba, msewu wa Chinamwali ndi wa zigwembe. Ndinacheuka kufuna agogowo. Phiri linali pomwe paja, mitengo yokha itachepa, mtambo utakhala pamwamba monga mwa masiku onse. Linandikwiyitsa phirilo, kungokhala ngati palibe chachitika.

Njinga inathera pothera msewu, ndipo ndinayamba kukwera wapansi, kupuma pamwala uliwonse. Pakanjira kolowera kwathu ndinaona mayi akutsika, dengu lili pamutu, ndipo ndinawazindikira ndi kayendedwe kuti ndi apongozi. Paja mkamwini sakumana ndi apongozi maso ndi maso panjira. Thupi linakumbuka lokha. Ndinapatuka, kulowa m'udzu, n'kunyonyomala nditayang'ana kumbali, mawondo akulira. Ndinadikira kuti adutse koma mapazi sindinawamve. Nditaponya diso, ndinaona kuti nawonso apatukira mbali inayo, atula dengu, agwada, akuomba m'manja monga amachitira mayi akakumana ndi munthu wamkulu. Tinakhala choncho, njira ili pakati pathu yopanda munthu, aliyense kudikira kuti mnzake adutse.

"Mwaswera bwanji agogo? Mukufuna kwa yani kuno?" anafunsa.

"Ndine mkamwini wanu, amayi. Bambo a Yankho."

Sanakuwe. Anandiyang'ana kumaso, chinthu chimene anali asanachitepo chikwatirireni mwana wawo, kenaka anadzuka n'kubwerera kumtunda chothamanga, dengu kulisiya pomwepo. Ndinalinyamula ine.

Edina ndinamupeza akuchapa. Anali yemwe uja, atangonenepa pang'ono m'mikono, tsitsi lili bii. Anapukuta manja pachitenje, n'kubwera pafupi, n'kugwira khutu langa lamanzere pamene sowo inandidula ndili mnyamata. Analisisita kanthawi. Kenaka anati madzi osamba atentha posachedwa, n'kulowa m'khitchini, ndipo ndinamva mbale zikugwa. Yankho, amene ndinamusiya pabere, anatulukira atavala yunifolomu ya sukulu, anagwada patali n'kundipatsa moni wa agogo. Atamuuza kuti awa ndi bambo ako anaseka, poyesa kuti akumunamiza.

Nyumba ija inalidi pawindo. M'kati munamera mpapaya, ndipo unali utayamba kale kubereka. A Namakhwa anali ndi njinga za kabaza zingapo pasiteji ndi mimba yatsopano. Anandifotokozera nthawi yaitali za kukwera mtengo kwa simenti. Sindinakangane nawo, mphamvu zokanganira zinatsala pabenchi.

Miyendo itazolowera ndinapita ku Matawale kukapepesa maliro. Mayi a Yusufu ndinawapeza pachiwaya, mayi wa mphamvu zake ndithu. Anandiyalira mkeka, anagwada, n'kundifunsa ngati mwana wawo ananenepako kunja kuja, popeza anachoka ali wowonda. Ndinawauza kuti ankadya bwino, ndipo limenelo silinali bodza. Zina zija ndinabwerera nazo.

Chimene chinanditopetsa kwambiri si mawondo ayi, koma ulemu. Kutchalitchi anandikhazika kutsogolo pamodzi ndi akuluakulu. Pamaliro anzanga amene tinkamenyera limodzi mpira wachikulunga ankanyamula makasu kupita kumanda, ine n'kundipatsa mpando pamthunzi. Amene tinkatukwanizana m'nkhalango anayamba kundivulira chipewa. Kuchipatala namwino anayamikira Edina kuti ndi mwana wabwino, wodziwa kusamala bambo ake. Pamsika, pamene Edina amagulitsa kachewere, osadziwa ankanong'onezana kuti anakwatiwa ndi chidyamakanda pofuna za kunja, odziwa ankangopukusa mutu. Ndiye panali telala wina pakhonde la sitolo moyang'anana ndi benchi lake, mwamuna wa msinkhu wanga weniweni, amene mkazi wake anamwalira. Ankathandiza Edina kutsitsa matumba. Anali munthu waulemu, ndipo ndinamufunafuna cholakwa osachipeza. Chimenecho n'chimene chinandipweteka.

M'mawa uliwonse Edina ankandithowa mawondo ndi madzi otentha asanapite kumsika. Ine ndinkayang'ana pamutu pake kufuna imvi ngakhale imodzi kuti mtima ukhale pansi, koma ayi ndithu. Mwana wina sitikanaberekanso, zimenezo zinatsala kuchipululu. Ndinkaona kumene zikupita, mkazi wa mphamvu zake kutha zaka zake zabwino akunyamula nkhalamba kupita nayo kuchimbudzi. Chitsulo chinadya ine, ndipo tsopano ine ndinali kudya iye. Ndinachita manyazi, ndinachitanso chisoni. Ndinaganiza zomusudzula mwamtendere, ndibwerere kwa mlongo wanga ku Jali, ndikadikire tsiku langa kumeneko.

Ndinaitanitsa ankhoswe. Tinakhala pansi pa mtengo wa mapeyala, a Namakhwa pampando, ankhoswe akwathu pambali pawo, Edina pamphasa atazolika. Ndinafotokoza kuti mlandu palibe, mkaziyu sanandilakwire, ndikungofuna akhale mfulu nthawi ikadalipo. A Namakhwa anavomera msanga kuposa mmene ulemu umafunira, paja munthu amene unamudyera sakoma kumuona tsiku ndi tsiku. Koma ankhoswe akwathu anakumbutsa mwambo, kuti mwamuna sasiya mkazi pamtetete. Asananyamule bulangete lake ayambe wamumangira nyumba, mkaziyo aiyendere pamaso pa ankhoswe n'kuivomera, apo ndiye banja latha. Onse anayang'ana Edina, poganiza kuti andikhululukira poona mmene ndinalili.

"Mwambo ndi mwambo," anatero. "Amange. Ndipo amange okha ndi manja awo, monga anandilonjezera."

Ndinkafuna avomere, inde, koma osati mwachangu chotero. Mumtima ndinati basi, telala uja anafika kale patali.

Ndinayamba ndi kudula mpapaya uja. Kenaka kuumba njerwa. Ndinkaponda dothi mpaka mawondo atakana, ndipo chikombole chimene kale ndinkachinyamula ndi dzanja limodzi tsopano ndinkachikoka pansi. Anzanga akale ankabwera Loweruka kuti athandize, Edina n'kuwabweza kuti sanawaitane. Anangowalola kuotcha uvuni ndi kukweza mitengo ya denga. Ndinkamuona ngati munthu wouma mtima, ndipo tinkatha masabata tikungolankhulana za mchere ndi sopo. Komabe mawondo sanasiye kundithowa.

Makoma atafika pamwamba anabwera kudzaona, n'kunena kuti khomo layang'ana kuphiri, chiperoni chizilowa mpaka kuchipinda, kodi ndikufuna mwana azidwala chibayo? Ndinatseka n'kuboola mbali ina. Dzinja linandipeza ndisanafolere, ndinaphimba makoma ndi mapepala n'kudikira. Chilimwe chotsatira anati mawindo atsika, wakuba azingolowa ngati akukwera pabedi. Ndinakweza. Kenaka khonde linachepa, chimanga aziyanika pati? Ndinakuza. Kenaka pansi panapendekeka, ndipo anathira madzi a m'kapu n'kundionetsa mmene akuthamangira pakona. Mkazi amene anagona zaka m'kachipinda ka mwaye osadandaula, lero anasanduka injiniya. M'nyengo zimenezo Yankho anasiya kugwadira patali. Sindikumbuka tsiku limene anayamba kunditcha ababa, ndinangozindikira akundikalipira kuti ndalowa ndi matope m'nyumba.

Ndinatopa, anthuni. Kutopa kwa kuchipululu kunali kwa njala, uku kunali kwa m'mafupa. Masiku ena ndinkaika njerwa zowerengeka n'kukhala pansi, kumayang'ana anyamata akutsika phiri ndi matabwa pamutu, makosi atalowa m'mapewa. Ndimamva kuti a masuti amabwerabe pa depoti. Ndinayesapo kuima pamenepo kuti anyamata andione, koma ankangoti madala awa anakalamba kalekale, akufuna atitsekere mwayi.

Pomaliza ndinakhoma malata, n'kuika chitseko cha paini chimene ndinapala ndekha. Ndinalongedza zovala zanga m'chikwama, n'kuchiika pakhonde, n'kuitananso ankhoswe. Edina anazungulira nyumba pang'onopang'ono, manja ali kumbuyo, ankhoswe akumutsatira. Analowa, anatuluka. Anatsegula chitseko, anatseka, anatsegulanso. Kenaka anati chitseko chikulira, ndiponso njerwa za khoma la kum'mawa sizinapse bwino, ligwetsedwe.

Apo ndiye ndinapsa mtima. Ndinaiwala ankhoswe, ndinaiwala apongozi amene ankamvetsera kuseri kwa khitchini. Ndinamuuza kuti khomalo lilibe vuto ndipo iye akudziwa, kuti manja angawa sangagwirenso chikombole, kuti ndamupatsa ufulu m'manja koma iye akuuseweretsa ngati mwana. Ndinagwira mzati wa khonde n'kumufunsa.

"Kodi amake Yankho, mukufuna ndifere pompano?"

"Eya, pompano," anatero. "Inu mumafuna mukafere kuti?"

A Namakhwa anatsokomola ngati akufuna kunenapo, koma Edina sanawayang'ane n'komwe. Analankhula osakweza mawu, maso ali pa ine.

"Anakutengani muli mnyamata. Anadya zaka zanu osandifunsa, chonsecho zaka zimenezo zinali zanganso. Pano kuli munthu kutali uko wavala zaka zanga pachala. Ndiye zochepa zatsalazi mukuti mukapereke kwa alongo anu ku Jali? Ine ndinakupemphani ufulu? Nyumba iyi sindidzaivomera, ngakhale muifolere ndi golide."

A Namakhwa anakumbuka mwadzidzidzi kuti akuwadikira pasiteji. Ankhoswe akwathu anadzuka, anakutumula fumbi pathalauza, anati poti mwini nyumba wakana, iwo alibe mawu, adzabweranso ikadzatha. Ine ndinakhala pansi pakhonde pomwepo. Ndinafuna kumuuza kuti adzanong'oneza bondo, kuti adzandiika m'manda tsitsi lake likadali lakuda, koma zimenezo ankazidziwa kuposa ine. Ananyamula chikwama changa n'kulowa nacho m'nyumba imene anali atangoikana kumene.

Tikukhala momwemo. Kwa ankhoswe nyumbayi sinathe, ndipo nkhani ija ikadali yosatseka. Maso anga ayamba nkhungu, phiri ndimangoliona ngati mthunzi, ndipo masiku ambiri ndimaswera pamphasa. Koma tsiku limene thupi lalola ndimatuluka ndi mpeni womangira n'kukagogodagogoda khoma la kum'mawa, kuti odutsa aziona kuti ntchito ikuyenda. Edina akabwerako kumsika amatula dengu, amaima, amayang'anitsitsa, n'kunena kuti sizinakhale bwino, ndidzayambirenso mawa.